Masiku Obwereka kwa Mwala

Chimene chinawanyamutsa chinali mawu a dokotala wamkazi amene anayankhula akuyang'ana pansi. Anati Gray sadutsa sabata imeneyo. Malizani anamva mawuwo ataima m'khonde la chipatala, m'manja muli phala limene mkulu wakeyo anakana kudya. Atatuluka panja anaimba foni kumudzi.

Amayi awo, a Edda, anali atanyamuka kale ku Balaka, koma sanafike patali. Unali mwezi wa Januwale m'chaka cha 2015, mvula itakokolola milatho ndi misewu, ndipo basi yawo inali itaima tsidya lina la mtsinje wodzaza pamodzi ndi malole. Palibe ankadziwa tsiku limene idzawoloke. Pafoni mayiyo sanalire. Anangoti amuuze Gray kuti adikire, ngati kuti mwanayo akufuna kukwera minibasi n'kuwasiya pamsewu.

Gray ndiye anali woyamba kubadwa. Anagwira ntchito zaka zambiri pafakitale ina ku Prospecton, ndipo thukuta lake ndi limene linamulowetsa Malizani kukoleji ku Blantyre. Chifuwa chitamugwetsa, Malizani anasiya maphunziro pakati n'kubwera ku Durban kudzamuchapira ndi kumutembenuza pabedi. Pepala la sukulu sanalione. Tsopano amene ankalipirira pepalalo nayenso anali kupita.

Anyamatawa ankakhala ku Greyville, m'kachipinda kuseri kwa shopu ya telala wokalamba wa ku Mangochi, Che Amisi. Masana a tsikulo kunabwera Zuwena, mdzukulu wa telalayo, amene ankagwira ntchito m'nyumba ya azungu kumapeto kwa Hillcrest. Atamva za dokotala, anakhala pampando wa makasitomala n'kuyamba kunena za mwala.

Anati kuseri kwa mpanda wa mabwana ake nthaka imathera mwadzidzidzi, ndipo pansi pali chigwa chakuya chodzaza nkhalango ndi nkhungu. Maluwa oyandikana ndi mpandawo safota. Mkaka ukaiwalika pamenepo susasa. Mayi wina wachizulu wa nyumba yoyandikana anamuuza kuti pansi pa chigwacho pali phanga, ndipo m'phangamo muli nsangalabwi yotalika kuposa chitseko, yoonekera mkati ngati madzi. Mwalawo umamva, umaganiza, ndipo masiku onse a dziko amadutsa mwa iwo monga mtsinje umadutsira m'mono. Ukafuna umatha kugwira tsiku kuti lisapite.

Malizani anaseka, kuseka kowawa kwa munthu amene anaphunzirako pang'ono. Kenako anayang'ana nsapato za Gray pansi pa bedi. Atadzutsa mutu anafunsa kuti ulendowo ukufuna atenge chiyani.

Che Amisi anavundikira makina awo ndi nsalu. Anati mnyamata sapita yekha kukapempha kanthu kwa akuluakulu, pamafunika munthu wodziwa kukhala pansi ndi kuomba m'manja. Anadula nsalu yoyera pampukutu kuti ikhale mphatso, chifukwa pakhomo pa eni safika chimanjamanja. Zuwena analongedza buledi, nsomba zam'chitini, shuga, machesi ndi chikwanje. Mmawa mwake Malizani anadzera kuchipatala, anamupukuta Gray kumaso, n'kumuuza kuti akupita kukaona kantchito. Gray sanatsegule maso.

M'takisi yopita ku Hillcrest atatuwa sanayankhulane. Masiku amenewo Chichewa chinali chinthu chosiya kunyumba ngati ndudu ya moto pafupi ndi udzu wouma, poti eni dziko ena ankadana ndi alendo. Atatsika, nkhungu inali itaphimba mitengo ndi mageti. Mabwana a Zuwena anali kutchuthi kunyanja. Iye anazimitsa magetsi apampanda, anamasula chingwe choyanikira zovala n'kuchimanga pamtengo wa mapeyala.

"Ndiyamba ndine," anatero. "Agogo pakati. Iwe Malizani pomaliza, monga mwa dzina lako."

Anatsika thanthwe lonyowa, mapazi akufunafuna popondera. Che Amisi anakoloweka nsapato zawo za Lachisanu m'khosi ndipo ankatchula dzina la Mulungu pa mwala uliwonse umene anaponda. Atafika pansi, phokoso la magalimoto linali litazimiririka. Mitengo inali ikuluikulu kuposa iliyonse imene anaionapo m'dziko limenelo, ndipo pakati pa njira panali ndowe za njovu, zikadali ndi nthunzi.

Zuwena anati kuno njovu zinatha azungu asanamange nyumba. Che Amisi anagwira ndowezo ndi chala chakuphazi. Anati ndiye kuti masiku akale sanathe ayi, anangotsetserekera m'chigwa muno ngati madzi a mvula.

Mayi wachizulu uja anali atanena kuti atsate kamtsinje kamene masamba ogweramo amabwerera kumtunda. Anakapeza dzuwa lili paliwombo. Malizani anaponyamo tsamba, ndipo tsambalo linazungulira kamodzi n'kuyamba kukwera chotsutsana ndi madzi. Kuyambira pamenepo sanasekenso.

Mvula inawapeza pamalo pamene chigwa chimapanikizika pakati pa matanthwe awiri. Inayamba ndi matalala, kenako inatsika yonse. Kamtsinje kamene ankakalumpha kanasanduka chilombo chofiira chonyamula zitsa. Njira inali tsidya linalo, ndipo madzi ankakwera kumene anaima. Malizani anamanga m'chiuno chingwe china chimene ananyamula n'kuloweramo, madzi akumufika pachifuwa, mpaka anagwira muzu wa tsidya lija. Zuwena anawoloka chingwe chili m'manja. Che Amisi atafika pakati, chitsa chinawamenya m'miyendo. Mutu wawo unamira, kofiya n'kupita. Malizani anadziponya, anawagwira pakolala, ndipo onse awiri anakokeredwa kumtunda ndi Zuwena, amene ankakoka chingwe atatsamira mtengo. Chikwama cha nsomba zam'chitini chinapita ndi madzi.

Che Amisi anasanza madzi, anagwira m'chiuno kuti aone ngati nsalu yoyera ikadalipo, kenako anafunsa ngati wina anaona kumene kofiya yalowera. Zuwena anati ikakhala ndi nzeru ikafika ku Mangochi iwo asanafike.

Anagona pansi pa thanthwe lotulukira kunja, machesi atanyowa, akutenthetsana ndi misana. Kutacha anapitiriza. Nkhalango inatseguka kukhala dambo la udzu wautali, ndipo m'udzumo munali njati yamphongo yokhayokha, nyanga imodzi yothyoka. Inadzutsa mutu, inapemerera m'mphuno, n'kuyamba kubwera. Panali mkuyu pafupi. Malizani sanadziwe mmene anakwerera, koma atayang'ana kumwamba anapeza Che Amisi ali panthambi yapamwamba kuposa yake.

"Agogo, nyamakazi ija yapita kuti?" anafunsa Zuwena.

"Mantha alibe nyamakazi," anayankha Che Amisi.

Njatiyo inagona patsinde n'kuyamba kubzikula. Dzuwa linayenda. Malizani anakhala panthambi akumvetsera mpweya wa chinyamacho, ndipo mpweyawo unkamukumbutsa wa Gray, wolemera, wokoka ngati macheka. Anaganiza zolumpha n'kuthamanga. Zuwena anaona nkhope yake, anamugwira mkono, n'kumuuza kuti mayi mmodzi sangalire ana awiri sabata imodzi. Anathyola nkhuyu n'kumupatsa. Zinali ndi tizilombo mkati, koma anadya. Njati inachoka mthunzi utatalika.

Anthu anawapeza tsiku lotsatira, ndipo anali oopsa kuposa njati. Anali amuna atatu owonda, ndevu zosapesa, atanyamula nyundo ndi zitsulo zoswera miyala. Mmodzi anavala jezi yachikasu ya mpira, yofuwa ndi yong'ambika. Zuwena anawaona poyamba ndipo ananong'oneza anzake kuti asatsegule pakamwa. Anawalonjera amunawo m'Chizulu chake chosalala cha m'khitchini. Anawauza kuti mkuluyo ndi wogontha, ndipo mnyamatayo mutu wake sukoka, akuwapititsa kwa sing'anga. Malizani anayasama pang'ono kuti nkhaniyo iyende.

Amunawo anatenga buledi yense, chikwanje ndi mafoni. Anati akufunafuna mwala woonekera kuti auphwanye akagulitse, koma njira ikungowazungulitsa. Wa jezi yachikasu uja anafunsa ngati mpira wa dziko lonse wayamba kale m'tauni, chifukwa ali ndi tikiti. Zuwena anamuuza kuti mpirawo unatha zaka zapitazo. Amunawo anaseka, anati mayiyu nayenso mutu sukoka, iwo anatsika m'chigwamo sabata yathayi. Anapita akutafuna buledi.

Atatuwa anangoti njala yawazunguza mitu anthu aja. Sanaganizirepo zambiri. Iwonso njala inali itayamba kuwazunguza. Ananyambita shuga amene anasungunukira papepala, anamwa madzi, n'kutsata kamtsinje kokwera m'miyala yoterera mpaka pamene kanatulukira pansi pa thanthwe lalikulu.

Pamenepo panali phanga. Pakhomo pake mbalame yaing'ono inali m'mwamba, mapiko otambasula, osagwa komanso osapita. Dontho la madzi linali litachoka padenga koma silinafike pansi. Mkati, mwala unaima wokha, wa nthiti zosalala, wowala ndi kuwala kwake kosachokera kudzuwa. M'kati mwake munkadutsa zinthu ngati nsomba m'madzi oyera: mayi akupera chimanga, sitima zapamadzi zikulowa padoko, ana akuthamangira sukulu, maliro, ukwati, nyumba zikumangidwa n'kugwa.

Anavula nsapato. Che Amisi anakonza malaya awo, anaomba m'manja mwaulemu, nati, "Odi kuno."

Kuwala kwa mwalawo kunaphethira. Che Amisi anagwedeza mutu, anati ndiye talandiridwa. Analowa chowerama. Amuna anakhala pamwala wathyathyathya, Zuwena anakhala pansi n'kuwongola miyendo, ndipo nsalu yoyera anaiika patsogolo atapinda bwino.

Malizani anatsegula pakamwa kuti anene za Gray. Dzanja la Che Amisi linatsika pabondo lake.

"Mlendo sayamba," ananong'oneza. "Tidikire eni khomo atilonjere, atifunse chimene tadzera. Usatichititse manyazi tafika kale."

Malizani anabadwira m'mwambo womwewo. Kwawo mlendo amapatsidwa pokhala, amapuma, mwini nyumba ndiye amabwera kudzagwada n'kufunsa za moyo ndi za kumene wachokera. Wolowa ndi nkhani pakamwa ndi wamwano kapena wangongole. Choncho anatseka pakamwa, anaika manja pamaondo, n'kudikira.

M'phangamo munali mofunda. Njala inaleka kuluma. Kunali bata limene Malizani sanalimvepo chifikire m'dziko lino, bata lopanda sairini, lopanda chifuwa cha munthu kuseri kwa katani. Ankaona ngati akudikira tiyi kuti azizire. Kangapo anayang'ana Che Amisi, ndipo nthawi zonse mkuluyo ankangophethira kuti pirira.

Zuwena ndiye anazindikira. Anali atayang'ana manja ake pamiyendo, ndipo anawadzutsa pang'onopang'ono. Pamene ankanyamuka, zikhadabo zake zinali zofiira ndi hina wa ukwati wa mnzake, kuyambira patsinde. Tsopano zinali zitatalika, zoyera, kufiira kutatsala kunsonga kokha. Anawaonetsa anzake. Malizani anagwira chibwano chake n'kupeza ndevu. Nsalu ija inali itada ndi fumbi ndi akangaude. Pakhomo, chilambe chinali chitazenga nsapato za Che Amisi ndipo chinali ndi maluwa.

Malizani anadzuka. Mwambo wonse unamugwa ngati chitenje chosamanga bwino. Anaufunsa mwalawo kuti ndi mwini khomo wamtundu wanji amene amasiya alendo akhale mpaka kumera ndevu. Anati iwo abwera ndi ulemu, munthu akufa kumtunda, mayi ali panjira.

Mwalawo unayankha. Unalibe pakamwa, mawu ake ankamveka m'chifuwa ndi m'mano. Malizani anamva Chichewa cha ku Balaka, chimene amayi ake amayankhula. Che Amisi anamva Chiyawo.

"Ine ndimadikira inu," unatero mwalawo.

Unati eni dziko lino akamabwera amafuula mayina a makolo awo ali patali, n'kunena chimene akufuna asanakhale pansi. Ena amabwera ndi nyundo. Chiyambire, palibe amene anangolowa, n'kukhala, n'kudikira. Iwo unayesa kuti anthuwa abwera kudzangocheza nawo, ndipo unakondwa. Ndiye ukakondwa umamwa masiku osadziwa, monga munthu waludzu amamwera madzi.

Malizani anafunsa za Gray. M'kati mwa mwalawo munaoneka bedi, katani yotseka, ndi nesi akukoka nsalu kuphimba nkhope. Kenako munaoneka manda achilendo, a mizere yowongoka, ndi mayi wamfupi ataima pamtumbira wouma kale, kathumba ka mtedza kali pamutu chifukwa panalibe woti amutule.

Malizani anatola mwala wapansi wokwana m'manja awiri. Anaukweza pamwamba pa mutu. Nsangalabwiyo sinazime, sinadziteteze, inangomuyang'ana ndi kuwala kwake konse. Kumbuyo kwake anamva Che Amisi akulira mwakachetechete, akunena kuti ulemu wawo wapha mwana wa eni. Manja a Malizani anatsika okha. Anakhala pansi pomwepo, mwala uli pamiyendo ngati khanda.

Nsangalabwi inati masiku amene yawamwawo ndi awo, ndipo iwabweza onse. Akadzakwera pampanda adzapeza tsiku lomwe lija anatsikira. Koma inawaonetsanso china. Ngakhale atabwerera, Gray adzatsirizika amayi ake akadali tsidya lina la madzi, chifukwa masiku ake amathera pamenepo.

"Sindilenga masiku," unatero mwalawo. "Ndimasunga, ndimasamutsa. Koma posamutsa amatayika, ngati madzi otungira m'manja. Munthu akapereka chaka, kwa mnzake kumafika tsiku, mwina osakwana."

Che Amisi anapukuta misozi n'kunena kuti atenge awo, poti cholakwa n'chawo. Mwalawo unayankha mofatsa kuti otsala awo sanganyowetse n'chikhatho chomwe. Mkuluyo anaseka pang'ono, anati madokotala onse a mu Durban palibe amene anawauzapo mosabisa chonchi. Zuwena anayamba kuyankhula, koma Malizani anamudula. Anamukumbutsa kuti ali ndi ana ku Mangochi amene akudya za m'manja mwake.

Anayandikira mwalawo. Unamufunsa ngati akumvetsa kuti zaka zimene utenge si zakumapeto, zaukalamba, koma zapakati, za mphamvu, zimene munthu amafunsira mbeta ndi kumangira nyumba. Malizani anaganiza za Gray akudzuka mdima kupita ku Prospecton, akutsokomola m'manja kuti mng'ono wake asamve pafoni.

"Tengani zokwana kuti amayi afike, amuone ali maso, adye naye," anatero. "Zotsala mundisiyire."

Anaika zikhatho pamwalapo. Unali wozizira ngati chitsulo cha bedi lachipatala. Anaona zaka zikutuluka mwa iye zosakhudzidwa: mtsikana wa mpata m'mano amene sadzamufunsira, kamwana kakumukoka makutu kali paphewa, nyumba ya malata pachulu cha kwawo, tsiku lina la mvula limene akanaseka mpaka kugwa. Anaziona zonse kamodzi, zinali zokongola, ndipo zinapita. Atachotsa manja, khungu lake linali lamakwinya ndipo maondo ankamuwawa.

Zuwena anaphimba pakamwa ndi chitenje. Che Amisi anamuyang'ana nthawi yaitali, kenako anamusunthira malo pamwala wokhalira uja, monga amachitira ndi amsinkhu wawo.

Mwalawo unati apite msanga, njira iwatsegukira. Koma Che Amisi sanadzuke. Anati n'zosayenera kuti alendo onse angolandira chimene adzera n'kunyamuka, mwini khomo atanena yekha kuti alibe wocheza naye. Wina atsale amalize kucheza. Zuwena anawauza kuti kucheza kwa muno n'kumene kwawameretsera maluwa munsapato. Iwo anati akudziwa. Anati mkazi wawo anamuika kalekale, ana awo ali kumene ali, ndipo masiku osanyowetsa chikhathowo ndi bwino awathere pamalo pamene wina akuwakondwerera. Anamasula kiyi m'khosi n'kumupatsa mdzukulu wawo.

"Pamakina pali thalauza la bambo wachisomali wa pakona, latsala kupinda mwendo umodzi. Umuuze asakwiye."

Zuwena anagwada, anawagwira mapazi, ndipo iwo anamuikira dzanja pamutu. Pamene awiriwa ankatuluka, anamva mkuluyo akuomba m'manja n'kuufunsa mwalawo kuti wadzuka bwanji, popeza zikuoneka kuti kuno mlendo ndiye amayamba.

Ulendo wobwerera unali waufupi koma wolemera. Tsopano Zuwena ndiye ankatsogola ndi kudikira, Malizani akupuma pachitunda chilichonse. Kamtsinje kanali kataphwa. Amuna a nyundo aja anawaona chapatali, anaona nkhalamba ndi mayi opanda katundu, ndipo sanadzivute. Pathanthwe lomaliza chingwe chinali chikulendewera pomwe anachisiya. Zuwena anakwera, anachizunguliza pamtengo wa mapeyala n'kumukoka Malizani pang'onopang'ono. Pamwamba nkhungu inali yomweyo, ndipo wailesi ya nyumba yoyandikana inkatchula tsiku lomwe ananyamukira.

Kuchipatala anapeza Gray atakhala tsonga, akupempha nesi mango. Dokotala wamkazi uja anaima kuphazi kwa bedi akutembenuza mapepala, osamvetsa. Gray anayang'ana mkulu wa imvi amene anaima pakhomo la wadi, anayang'ananso, nkhope yake n'kusintha.

"Wachita chiyani iwe?"

"Ndakula," anatero Malizani. "Amayi akubwera. Udikire."

Gray sanafunsenso. Anamukokera pafupi n'kumugwira dzanja lamakwinyalo, akulitembenuza. Anati iye amati amusiyire ukulu mwadongosolo, koma mwana wosaleza mtimayu wadzitengera yekha. Anaseka mpaka kutsokomola, ndipo misozi imene inatsika sanaipukute.

Madzi anaphwa, basi inawoloka. Tsiku limene a Edda anafika, Zuwena ndiye anakawachingamira. Malizani anakhala pabenchi m'khonde, chipewa atachitsitsa. Anaona amayi ake akudutsa mofulumira, afupi kuposa mmene ankawakumbukira, kathumba kali pamutu, maso ali pachitseko cha wadi. Sanawaitane. Tsikulo linali la Gray.

Kudzera pachitseko chotseguka pang'ono anaona zonse. Mayiyo anatula kathumba, anasamba m'manja, anamusendera Gray mtedza n'kumamuika m'kamwa umodziumodzi. Anamuuza za denga limene linapirira mvula, za mbuzi imene inabereka mapasa, za anthu amene amupatsa moni. Gray anadya, anafunsa mafunso, anaseka. Dzuwa litapendeka anati watopa. Anatsamira pamkono wa amayi ake, ndipo iwo ankamusisita pamphumi akuimba chapansipansi. Nyimbo isanathe, Gray anapita.

Patapita nthawi a Edda anatuluka, maso otupa koma akuyenda mowongoka. Zuwena anali atawauza kuti munthu amene anamusamalira Gray mpaka mapeto ali pabenchi. Anafika patsogolo pa Malizani, anagwada, anaomba m'manja.

"Zikomo bambo, mwandisungira mwana mpaka ndamuona. Mulungu yekha ndiye adziwa. Koma ndifunseko, wamng'ono uja, Malizani, mukudziwa kumene ali? Sanabwere kudzatsanzika mkulu wake."

Malizani anavula chipewa.

"Ndine, amayi."

Mayiyo sanakuwe. Anamuyang'ana pamphumi, m'maso, pamanja, nthawi yaitali, anthu akudutsa ndi matirole m'khondemo. Anayang'ana kuchitseko cha wadi, kumene mwana amene madokotala anamutaya anawadikira mpaka kudya mtedza wawo, ndipo anayang'ananso nkhalamba inali patsogolo pawo. Sanafunse kuti zinatheka bwanji.

Anadzuka, anakhala pabenchipo, anayala chitenje pamiyendo. Anamugwira khosi n'kugonetsa mutu wake pamenepo. Kenako zala zawo zinayamba kufufuza m'tsitsi, zinapeza imvi imodzi, n'kuizula. Anaitaya pansi, anafunanso ina. Zinali zambiri, mutu wonse, ndipo iwo ankaona zimenezo. Anapitiriza kuzula.